Kukaona aurora usiku ku Tromsø: kuwalako n'kwaulere, nanga alendo amalipira chiyani?

Usiku wa pa 10 Meyi 2024 thambo linafiira m'malo amene anthu sanazolowere kuliona likutero. Ku London, ku Manchester ndi ku Glasgow anthu anatuluka m'nyumba mafoni ali m'manja. Ku Florida ndi ku Mexico anajambula zomwezo. Ngakhale kumunsi kwa Africa kuno, anthu ena ku Western Cape ndi ku Namibia anajambula kufiira kwachilendo chakum'mwera usiku uli pakati. Zithunzi za abale athu okhala ku Britain zitayamba kuyenda m'magulu a WhatsApp, mafunso anachuluka. Ena ankati n'zopanga pa kompyuta, ena ankati ndi chizindikiro cha masiku otsiriza, ena n'kumangofunsa kuti kodi munthu atafuna kudzionera yekha angapite kuti.

Funso lomalizali lili ndi msika wake, ndipo ndi waukulu. Chaka ndi chaka alendo amakhamukira kumizinda ya kumpoto kwenikweni kwa dziko, monga Tromsø ku Norway, Rovaniemi ku Finland, Reykjavik ku Iceland ndi Yellowknife ku Canada, kukalipira makampani oti awatenge usiku kukaona kuwalaku. Ambiri amanyamuka kwawo akuganiza kuti agula kuwalako. Koma palibe kampani imene ili ndi mphamvu pa kuwalako. Chimene mlendo amagula ndi galimoto, zovala zotentha, ndi nzeru za munthu wodziwa kuzemba mitambo. Kuti zimenezi zimveke bwino, tiyambire kudzuwa.

Kuwalaku n'chiyani?

Dzina lake ndi aurora. Kukaoneka kumpoto kwa dziko amati aurora borealis, kukaoneka kum'mwera amati aurora australis, koma chinthu chake n'chimodzi: mpweya wa m'mwamba kwambiri umene ukuwala chifukwa wawombedwa ndi tinthu ting'onoting'ono tokhala ndi mphamvu yamagetsi.

Gwero la zonsezi ndi dzuwa, limene lili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 150 miliyoni kuchokera kuno. Kuwonjezera pa kuwala ndi kutentha, dzuwa limalavula tinthu timeneti osapuma. Asayansi amati ndi mphepo ya dzuwa, ndipo masiku wamba imathamanga makilomita pafupifupi 400 pa sekondi. Nthawi zina padzuwapo pamaphulika, n'kuponyedwa chimtambo chachikulu cha tinthuti nthawi imodzi. Chimtambo chotere amachitchula mwachidule kuti CME, ndipo chikalunjika dziko lathu chimafika pakatha tsiku limodzi mpaka atatu. Za pa 10 Meyi zija zinabwera chifukwa cha zimitambo zingapo zotere zimene zinatuluka motsatizana.

Tinthuti sitingofika n'kugwera padziko. Dziko lapansi palokha ndi maginito aakulu, ndipo mphamvu ya maginitoyo yalikuta mbali zonse, n'kumapatutsa mphepo ya dzuwa. Mbali yoyang'ana kudzuwa chotchingachi chimapanikizika, pamene mbali ya usiku chimatambasuka n'kukhala chimchira chachitali, chopitirira pamene pali mwezi. Mumchiramu ndi mmene mphamvu imaunjikana. Ikachuluka, mizere ya maginito imaduka n'kulumikizananso mwadzidzidzi, ndipo tinthu tamagetsi timakankhidwa mwamphamvu, kutsetsereka motsata mizereyo mpaka kukalowa mumpweya pafupi ndi nsonga ziwiri za dziko. N'chifukwa chake kuwalaku kumakonda kukula kuyambira cha m'ma 10 koloko mpaka pakati pa usiku: nthawi imeneyo dera limene munthu waima limakhala litatembenukira kumchira kuja.

Tinthuti tikawomba mpweya, mpweyawo umalandira mphamvu n'kuitulutsanso ngati kuwala. Mtundu wa kuwalako umadalira mpweya umene wawombedwa komanso kutalika kwa pamene wawombedwera. Kobiriwira, kumene n'kofala kwambiri, kumachokera ku okosijeni pa mtunda wa makilomita pakati pa 100 ndi 200 kuchokera pansi. Kofiira kumachokeranso ku okosijeni yemweyo, koma pamwamba kupitirira makilomita 200. Kwapepo ndi kwapinki kumene kumaoneka m'munsi mwa mzere wobiriwira usiku wamphamvu n'kwa nayitrojeni. Pali chifukwa chake kofiira kumakhala pamwamba pokha. Okosijeni amatulutsa kuwala kobiriwira sekondi isanathe, koma kuti atulutse kofiira amadikira pafupifupi mphindi ziwiri. M'munsi, mmene mpweya ndi wothithikana, amakhala atagundana kale ndi tinthu tina n'kutaya mphamvuyo nthawi isanakwane. Anthu a ku Mexico ndi ku Namibia anaona kofiira chifukwa anali patali, akuona kumwamba kokha kwa aurora, kumunsi kobiriwira kuja kutabisika kuseri kwa dziko.

Manambala a kutalikawa asungeni, chifukwa ulendo wonse wa usiku wagona pamenepo. Ndege zonyamula anthu zimauluka pa makilomita 10 mpaka 12. Mitambo yotchinga thambo nthawi zambiri imakhala pansi pa pamenepo. Aurora imayambira pa makilomita pafupifupi 100.

Chifukwa chiyani Tromsø, osati Lilongwe?

Aurora siimwazikana paliponse. Imakhala ngati mkombero wozungulira nsonga ya maginito ya dziko, kumpoto umodzi, kum'mwera umodzi. Masiku wamba mkombero wa kumpoto umadutsa pamwamba pa kumpoto kwa Norway, Sweden ndi Finland, pa Iceland, kum'mwera kwa Greenland, kumpoto kwa Canada, pa Alaska ndi m'mphepete mwa Siberia. Dzuwa likavuta, mkomberowo umakula n'kusunthira chakuikweta, monga unachitira mu 2024. Likakhala chete umabwerera pamalo pake. Mkomberowu suzimiratu, tsiku lililonse umakhalapo, wowala kapena wofooka.

Tromsø ili pa madigiri pafupifupi 70 kumpoto kwa ikweta, makilomita 350 kulowa mkati mwa mzere wa Arctic (mzere wa pamapu wozungulira chigawo cha kumpoto kwenikweni kwa dziko), pansi penipeni pa mkomberowo. Lilongwe ili pa madigiri 14 kum'mwera kwa ikweta, kutali ndi mikombero yonse iwiri. Nawonso a ku Cape Town zinthu siziwakomera monga zimakomera anthu a ku Tasmania kapena kum'mwera kwa New Zealand, chifukwa nsonga ya maginito ya kum'mwera inapendekera mbali ya Australia, osati ya Africa.

Ubwino wina wa Tromsø ndi nyengo. Madzi ofundirapo a m'nyanja ya Atlantic amayenda m'mphepete mwa Norway mpaka kumpoto, choncho mu Januwale mumzindamu mumazizira pafupifupi madigiri 4 pansi pa ziro, pamene madera ena a ku Canada ndi ku Siberia otalikira kumpoto mofanana amafika madigiri 30 pansi pa ziro n'kupitirira. Muli bwalo la ndege, yunivesite ndi mahotela. Koma nyanja yomweyo imene imachepetsa kuzizira ndi imene imabweretsa mitambo, ndipo apa ndi pamene ntchito ya otsogolera alendo inabadwira.

Anthu a ku Norway anaiphunzira kalekale nkhani ya kuwalaku. Kristian Birkeland, katswiri wa fizikisi, anamangitsa malo ofufuzira aurora pamwamba pa phiri la Haldde pafupi ndi tauni ya Alta, kumpoto kwa Norway, mu 1899. Kenako anapanga kampira kamaginito m'bokosi lochotsedwa mpweya, n'kukawomba ndi tinthu tamagetsi, ndipo kuwala kunazungulira nsonga za kampirako monga zimachitikira padziko. Iye ankanena kuti aurora imayambira kudzuwa, koma akatswiri ambiri a nthawi yake sanamukhulupirire. Anamwalira mu 1917, ndipo panatha zaka pafupifupi 50 kuti masetilaiti atsimikizire zoti mphamvu zamagetsi zimene ankazinenazo zilikodi m'mwambamo. Mnzake, Carl Størmer, ndiye anayeza kutalika kwa aurora poijambula kuchokera malo awiri otalikirana nthawi imodzi. Ku Tromsø komweko malo ofufuzira aurora anakhazikitsidwa mu 1928.

Zinthu zitatu, ziwiri zokha n'zimene munthu angachitepo kanthu

Kuti muone aurora pamafunika mdima, thambo lopanda mitambo, ndi dzuwa loti lachitapo kanthu.

Mdima ndi nkhani ya kalendala ndi malo. Kuyambira chakumapeto kwa Meyi mpaka chakumapeto kwa Julayi dzuwa sililowa ku Tromsø, kotero aurora ilipo m'mwambamo koma siioneka. Nyengo yake imayamba mu Seputembala n'kutha chakumayambiriro kwa Epulo. Kuyambira kumapeto kwa Novembala mpaka pakati pa Januwale dzuwa silituluka n'komwe, kumangoyera pang'ono masana kwa maola ochepa. Ambiri amaganiza kuti Disembala ndiye mwezi wabwino koposa chifukwa cha mdima wambiriwu, koma ziwerengero za zaka zambiri zimasonyeza kuti maginito a dziko amagwedezeka kwambiri cha mu Seputembala ndi mu Malichi, pamene usana ndi usiku zimafanana kutalika. Kuzizira kulibe mbali pa kupangika kwa aurora. Kumangoti usiku wopanda mitambo ndi umenenso umazizira kwambiri, ndiye anthu amaziphatikiza. Mwezi ukakhala wathunthu umaphimba aurora yofooka, ngakhale yamphamvu imaonekabe.

Dzuwa palibe amene angalilamule. Chotsala ndi mitambo.

Poti aurora ili pa makilomita 100 kupita m'mwamba, imaoneka kuchokera kutali kwambiri. Munthu amene ali ku Tromsø ndi wina amene ali makilomita 150 chakum'mawa amaona aurora imodzi yomweyo. Choncho minibasi ikathamanga maola awiri usiku, sikuti ikuyandikira kuwalako ayi. Ikufunafuna kabowo m'mitambo. Amene amadziwa phiri la Mulanje amvetsa msanga: mbali ya minda ya tiyi mvula imagwa yambiri chifukwa mphepo yachinyezi imafikira kumeneko, pamene kuseri, chaku Phalombe, kumakhala kouma. Kum'mawa kwa Tromsø kuli mapiri a Lyngen, amene nsonga yake yaitali imapitirira mamita 1,800. Mphepo ikamachokera kunyanja, mitambo imatsakamira pamapiriwa, ndipo kuseri kwake, pamudzi wa Skibotn, thambo limakhala loyera. Malowa ndi ouma moti anaikapo malo oonera nyenyezi. Mphepo ikatembenuka n'kumachokera kumtunda, zinthu zimatembenukanso: kunyanja, kuzilumba za Kvaløya ndi Sommarøy, ndi kumene kumayera. Ku Sweden nakonso mudzi wa Abisko unatchuka pa chifukwa chomwechi, poti mapiri a kumadzulo kwake amautchingira mitambo.

Mmene usiku umayendera

Magulu ambiri amakumana pakati pa mzinda cha m'ma 6 koloko madzulo, ndipo ulendo umatenga maola 6 mpaka 9. Kubwerera 2 koloko kapena 3 koloko m'bandakucha si zachilendo. Pali mabasi aakulu onyamula anthu 40 kapena kupitirira, ndipo pali maminibasi a anthu 8 mpaka 15. Basi yaikulu imatsika mtengo, imakhala yofunda, kawirikawiri imakhala ndi chimbudzi, koma imaima pokhapo pamene pali malo okwanira. Minibasi imalowa tinjira ting'onoting'ono ndipo imasintha njira msanga mitambo ikasuntha. Palinso maulendo osayendayenda, amene alendo amakawakhazika pamsasa umodzi, m'tenti yokhala ndi moto, kudikira. Amenewa ndi abwino kwa okalamba ndi ana, koma mitambo ikabwera pamsasapo palibe kothawira.

Wotsogolera amakhala atayamba ntchito masana, kuyang'ana mapu a mitambo, mbali imene mphepo ikuchokera, ndi makamera a m'misewu osonyeza mmene kunja kulili. A ku Norway amadalira kwambiri Yr, malo olosera nyengo pa intaneti amene amayendetsedwa ndi bungwe la boma loona zanyengo pamodzi ndi wailesi ya NRK. Otsogolera amaimbirananso mafoni ali m'njira kuuzana kumene nyenyezi zikuoneka. Tsiku loipa amatsata msewu wa E8 mpaka kudutsa malire kulowa mu Finland, pamudzi wa Kilpisjärvi, mtunda wa makilomita pafupifupi 160. N'chifukwa chake amakuuzani kuti mutenge pasipoti ngakhale mukuti mukungokaona kumwamba.

Kumtunda kumeneko kuzizira ndi kwina. Mutha kuchoka mumzinda pa madigiri 3 pansi pa ziro n'kukatsika galimoto pa madigiri 20 pansi pa ziro. Makampani ambiri amabwereketsa ovolosi yokhuthala yovala pamwamba pa zovala zanu, ena ndi mabuti omwe. Koma zamkati n'zanu, ndipo apa ndi pamene ife ochokera kotentha timalakwitsa. Thonje limasunga thukuta, thukutalo n'kuzizira pathupi. Chofunika kukhudza khungu ndi chovala chaubweya, pamwamba pake juzi, kenako jekete yotchinga mphepo. Nsapato zikhale zokulirapo, chifukwa mukapanikiza masokosi awiri mu nsapato yothina magazi sayenda bwino ndipo zala zimayamba kuwawa mphindi zochepa. Kuyenda pachipale chofewa sikuzizira kwambiri ngati kungoima, ndipo ulendowu ndi woima.

Akapeza malo oyera, amakoleza moto, n'kuyala zikopa kapena timipando, n'kugawa supu yotentha ndi chokoleti cha mufulasiki. Kenako n'kudikira. Kudikiraku kutha kukhala mphindi 10, kutha kukhala maola atatu. Wotsogolera wabwino amapempha anthu kuti azimitse matochi oyera ndi kuchepetsa kuwala kwa mafoni. Iye amagwiritsa ntchito tochi yofiira, imene siwononga kuzolowera kwa maso mumdima.

Aurora ikamayamba, kawirikawiri imaoneka ngati uta wotuwa chakumpoto, wosayenda, wakuti munthu wosadziwa angati ndi mtambo. Kusiyana kwake n'kwakuti nyenyezi zimaonekera mkati mwake. Masiku ambiri zimathera pomwepo: uta umawala pang'ono, n'kuzimirira. Koma tsiku limene mphamvu ya mumchira uja yamasuka, utawo umawala mwadzidzidzi, n'kupindika, n'kusweka kukhala mizere yoimirira imene imathamanga kudutsa thambo lonse, m'munsi mwake mukuthwanima pinki. Zikafika pamwamba pa mutu penipeni, mizere yonse imaoneka ngati ikuchokera pamalo amodzi. Zoterezi zimatenga mphindi 10 mpaka 30, kenako kumatsala zigamba zofooka zimene zimayaka n'kuzima. Ndondomeko imeneyi anailongosola mu 1964 ndi Syun-Ichi Akasofu, katswiri wa ku Japan amene ankagwira ntchito ku Fairbanks, Alaska. Wotsogolera woidziwa sapakira katundu msanga uta ukazimirira, ndipo salola anthu kukabisala m'galimoto pamene zizindikiro zikusonyeza kuti zatsala pang'ono.

Manambala a pafoni

Alendo ambiri amafika atakopera kale pulogalamu ya pafoni yosonyeza nambala yotchedwa Kp. Nambalayi imayambira pa 0 mpaka 9, ndipo imayeza kugwedezeka kwa maginito a dziko lonse pa maola atatu alionse. Anaiyambitsa ndi Julius Bartels wa ku Germany mu 1949, ndipo masiku ano imawerengedwa mumzinda wa Potsdam m'dzikolo kuchokera ku malo oyezera 13 a m'maiko osiyanasiyana. Pa 10 ndi 11 Meyi 2024 inafika pa 9.

Kwa munthu wokhala ku England nambalayi ndi yofunika, chifukwa kuti mkombero usunthe mpaka kumufikira pamafunika Kp yaikulu. Kwa munthu amene waima ku Tromsø, pansi pa mkomberowo, Kp ya 1 kapena 2 imakwanira. Ndipo poti ndi avereji ya dziko lonse pa maola atatu, singakuuzeni za mphindi 15 za kuwala koopsa zimene zingachitike pamwamba panu. Anthu amakhumudwa pachabe akaona nambala yaing'ono madzulo, ena mpaka kusiya ulendo umene analipira kale.

Otsogolera odziwa ntchito amayang'ana kwambiri nambala ina yotchedwa Bz. Mphepo ya dzuwa imabwera ndi maginito akeake, ndipo Bz imasonyeza ngati maginitowo aloza kumpoto kapena kum'mwera. Akaloza kum'mwera, nambala imakhala pansi pa ziro, ndipo amalumikizana ndi maginito a dziko n'kulowetsa mphamvu yambiri. Akaloza kumpoto, mphepoyo imangodutsa, ngakhale itakhala yothamanga. Vuto n'lakuti Bz siidziwika mpaka mphepoyo itafika pa masetilaiti oyezera amene amakhala pa makilomita 1.5 miliyoni kuchokera kuno, mbali ya kudzuwa. Pa liwiro la makilomita 400 pa sekondi, mtunda umenewo mphepo imaumaliza pa ola limodzi. Ikathamanga kuwirikiza, theka la ola. Kulosera kodalirika kwa aurora kumathera pamenepo. Zonse zonena za mawa kapena za sabata yamawa ndi kuyerekeza chabe.

Maso saona monga imaonera kamera

Ndikuona kuti apa ndi pamene pamachokera madandaulo ambiri, ndipo makampani ena safotokoza mokwanira asanalandire ndalama.

Diso la munthu lili ndi timaselo ta mitundu iwiri. Tina timaona mitundu koma timafuna kuwala kokwanira. Tina timagwira ntchito mumdima koma sitisiyanitsa mitundu, ndipo timafuna mphindi 20 mpaka 30 kuti tizolowere mdimawo. Aurora ikakhala yofooka, timaselo ta mumdimati ndi timene timaiona, choncho imaoneka yotuwa kapena yobiriwira pang'ono chabe. Kamera imatsegula diso lake kwa masekondi angapo n'kusonkhanitsa kuwala konse kwa nthawiyo pachithunzi chimodzi. Mafoni amakono amachitanso chimodzimodzi usiku. Zotsatira zake, munthu amaona kamtambo kotuwa kumwamba, n'kuona chobiriwira chowala pafoni. Chithunzicho si chabodza, mtunduwo ulipodi, koma si zimene diso linaona. Anthu ambiri a ku Britain mu 2024 anayamba kuona mitunduyo pafoni asanaione ndi maso. Makanema ambiri a pa intaneti nawonso ndi zithunzi zambirimbiri zolumikizidwa n'kuthamangitsidwa.

Aurora ikakhala yamphamvu, nkhani imasintha. Kubiriwira kumaoneka bwinobwino ndi maso, chipale chofewa pansi n'kumawala nako, ndipo kuyenda kwake kumakhala kwachangu moti kamera ndi imene imalephera, n'kutulutsa chithunzi chosaoneka bwino mizere.

Otsogolera ambiri ndi ojambulanso, ndipo amakujambulani mutaima osagwedezeka kwa masekondi angapo. Funsani ngati zithunzizo zili pamtengo womwewo kapena n'zolipira padera. Ngati mukujambula nokha, mufunika choimikira kamera cha miyendo itatu. Batire imatha msanga kukazizira, ndiye yapadera muiike m'thumba lamkati pafupi ndi thupi. Kamera yozizira mukailowetsa m'galimoto yofunda galasi lake limachita nthunzi, ndipo mukaitulutsanso nthunziyo imaundana. Ndi bwino kuitsekera m'chikwama musanalowe.

Ndi wotsogolera kapena nokha?

Onse awiri ali ndi mfundo. Amene amati wotsogolera ndi wosafunika amanena zoona kuti usiku woyera aurora imaoneka mumzinda mwa Tromsø momwemo, makamaka mukachoka pamagetsi, monga panyanja yaing'ono ya Prestvannet pamwamba pa chilumba kapena paphiri la Storsteinen. Munthu wokhala sabata yathunthu atha kungodikira usiku wabwino osalipira aliyense. Ena amabwereka galimoto n'kumatsata mapu a mitambo okha.

Amene amakonda wotsogolera amaloza za msewu. Kuyendetsa galimoto usiku pamadzi oundana, m'misewu yopapatiza yokhotakhota m'mphepete mwa nyanja, mphepo ikuulutsa chipale chofewa, nyama zikudutsa, si ntchito ya munthu amene sanaionepo nyengo yotere. Ku Norway amayendetsa kumanja, zosiyana ndi ku Malawi, Zambia, South Africa kapena Britain. Ndipo munthu amene ali ndi usiku umodzi kapena uwiri wokha alibe mpata wodikira kuti mitambo ichoke yokha.

Mawu akuti "tikukutsimikizirani kuti muona", amene makampani ena amalemba, awerengeni bwino. Kawirikawiri amatanthauza kuti mukapanda kuona adzakutenganinso tsiku lina kwaulere kapena motsitsa mtengo, malo akapezeka. Ngati ndege yanu ikunyamuka m'mawa mwake, lonjezolo lilibe phindu. Funsaninso kuti kwa iwo "kuona" n'kutani, chifukwa ena amawerengera ngakhale kobiriwira kongooneka pa kamera. Funsani kukula kwa gulu, mtunda umene amalolera kuyenda, ngati woyendetsa galimoto ndi wotsogolera ndi munthu mmodzi kapena awiri, komanso ngati ali ndi chilolezo chonyamulira anthu ndi inshuwaransi. Malamulo a ku Norway amafuna chilolezo kwa aliyense wonyamula anthu molipiritsa, ndipo msikawu utakula kunabweranso ena ochita malondawa mozemba.

Kwa amene ali ndi pasipoti ya Malawi, Zambia, Zimbabwe, Mozambique kapena South Africa, Norway ili m'gulu la maiko a ku Ulaya ogwiritsa ntchito viza imodzi lotchedwa Schengen, choncho pamafunika viza ya Schengen. Chilolezo chokhalira ku Britain sichilowa m'malo mwake. Viza yomweyo ndi imene imakulolani kudutsa malire a Finland usiku uja.

Eni malo

Kumene maminibasi amaima si chipululu chopanda mwini. Ndi dziko la anthu a mtundu wa Sami, amene amapezeka ku Norway, Sweden, Finland ndi Russia, ndipo ena mwa iwo amaweta nyama zangati mphalapala zotchedwa reindeer. Nthawi yozizira nyamazi zimakumba chipale chofewa kuti zipeze chakudya, ndipo zikathamangitsidwa ndi magetsi a galimoto kapena phokoso la anthu zimataya mphamvu zimene zikufunika kuti zifike nyengo yofunda. Pachikhalidwe cha a Sami aurora inali chinthu cholemekezeka. Ana ankauzidwa kuti asaiimbire likhweru kapena kuinyoza.

Lamulo la ku Norway la mu 1957 limalola munthu aliyense kuyenda wapansi m'malo osalimidwa, ngakhale akhale a munthu wina. Koma silimalola kuimika galimoto pakhomo pa munthu kapena kuloweza m'munda mwake. Anthu a m'midzi yozungulira Tromsø akhala akudandaula za magalimoto oima pamsewu mumdima, anthu oyenda pakati pa msewu atayang'ana kumwamba osavala zonyezimira, zitsa za moto zosiyidwa, ndi alendo odzithandiza kuseri kwa nyumba poti kutchireko kulibe zimbudzi. Mbali inayo, malondawa asandutsa miyezi ya mdima, imene kale mahotela ankakhala opanda anthu, kukhala nyengo ya ntchito kwa oyendetsa magalimoto, ophika ndi otsogolera. Mkangano wa mmene angachepetsere mavutowa osapha malonda ukupitirirabe.

Kuseri kwa kukongolako

Mkuntho wa dzuwa umene umakongoletsa thambo umayambitsanso mphamvu zamagetsi zosafunika munthaka ndi m'mawaya aatali. Pa 13 Malichi 1989 magetsi anazima m'chigawo cha Quebec ku Canada kwa maola 9, anthu pafupifupi 6 miliyoni n'kukhudzidwa. Mkuntho wa mu Okutobala 2003 unazimitsa magetsi mumzinda wa Malmö ku Sweden, ndipo ku South Africa unawononga matiransifoma akuluakulu angapo, zimene zinasonyeza kuti ngakhale maiko amene saona aurora kawirikawiri sali kunja kwa vutoli. Mu Febuluwale 2022 masetilaiti a Starlink pafupifupi 40 amene anali atangoponyedwa kumene anagwa, mkuntho wocheperapo utafufumitsa mpweya wa m'mwamba. Mu Meyi 2024 alimi ena ku United States anaimitsa kubzala chifukwa GPS ya mathirakitala awo inasokonekera. Waukulu koposa umene unalembedwa ndi wa mu Seputembala 1859, pamene aurora inaoneka mpaka ku Cuba ndi ku Hawaii, mawaya a telegalafu n'kumathetheka moto. N'chifukwa chake bungwe la SANSA la ku South Africa lili ndi malo owunikira nyengo ya m'mlengalenga ku Hermanus, amene amachenjeza makampani a magetsi ndi a ndege. Manambala amene wotsogolera alendo amayang'ana pafoni atakhala pamoto ndi omwewo amene akatswiriwa amayang'ana.

Ukali wa dzuwa umakwera n'kutsika pa zaka pafupifupi 11 zilizonse. Mzunguliro umene tilimowu, wa nambala 25, unayamba mu Disembala 2019, ndipo mu Okutobala 2024 mabungwe a NASA ndi NOAA a ku United States analengeza kuti wafika pachimake. Pamene ukutsika, mikuntho yofika ku London kapena ku Cape Town idzayamba kusowa, ngakhale zaka zoyambirira za kutsikako zimabweretsabe ina yamphamvu. Ku Tromsø kusinthaku n'kochepa, poti mkombero uja umadutsa pamwamba pake ngakhale dzuwa litakhala chete. Chimene chidzapitirize kulepheretsa anthu kumeneko ndi mitambo. Ndiye wokonza ulendo ndi bwino aike usiku utatu kapena unayi m'malo mwa umodzi, ndipo ulendo wa wotsogolera aulembetse usiku woyamba, kuti ukalephereka masiku obwereza akhale alipo.